Lag sikuti nthawi zonse ndi vuto la netiweki

Ambiri timati munthu akamaimaima mu gemu ya pa intaneti (zomwe timati lag) ndiye kuti netiweki yake yangovuta, koma ayi ndithu, ena amachita dala. Amadula data yotuluka kwa timasekondi tochepa ndi kachipangizo kotchedwa lag switch, inuyo mumamuona wangoti chilili pakhomo koma kwakeko akuyenda bwinobwino, akangolumikizanso zonse zimene amachita zija zimafika kamodzin'kamodzi, mwadzidzimuka ali kumbuyo kwanu wakuomberani kale. Zimandiwawa kwabasi, uku nkubera anzako basi. Netiweki yovutadi imangovuta nthawi iliyonse, siidikira kuti muyambe kuomberana kaye. Chinyengochi chimagwira kwambiri m'magemu a peer-to-peer (momwe zipangizo za osewera zimalumikizana zokhazokha) makamaka wachinyengoyo akakhala host (amene chipangizo chake chikuyendetsa gemuyo), pomwe dedicated server (kompyuta yapadera yoyendetsa gemu, osati ya wosewera) imatha kukana mayendedwe otere kapena kungomutulutsa mu gemu.