Chinamwali cha boma ku East Germany

Ku East Germany mwana akafika zaka 14 ankalowa Jugendweihe, mwambo womulandira m'gulu la akuluakulu. Mwambowu unalipo kale m'zaka za m'ma 1800 pakati pa anthu osapembedza. Boma la chikomyunizimu linangoutola mu 1954 kuti ulowe m'malo mwa chitsimikizo cha kutchalitchi, ndipo ana oyamba analowa mu 1955.

Ana a kalasi 8 ankayamba ndi misonkhano 10 yowakonzekeretsa. Ankapita nawo kumafakitale, komanso kumalo ngati Buchenwald kumene a Nazi ankazunzirako anthu. Tsiku lenilenilo, dzinja la kumeneko litatha, ankakwera pansanja atatchena masuti ndi madiresi atsopano. Mkulu wina ankawerenga lumbiro lotumikira sosholizimu ndi kusunga ubale ndi Soviet Union, anawo n'kuvomera pamodzi. Aliyense ankalandira satifiketi, maluwa ndi buku la boma. Kuyambira pamenepo aphunzitsi ankasiya kumuitana kuti "iwe", n'kuyamba "inu". Madzulo kunyumba kunkakhala phwando, agogo ndi amalume atabwera ndi maenvulopu a ndalama.

Pakamwa boma linkati n'zongofuna mwini, koma wokana, makamaka mwana wa abusa, ankadziwa kuti malo kusukulu yokonzekera yunivesite akhoza kumudutsa. Matchalitchi a Chipulotesitanti poyamba anati wolowa Jugendweihe asatsimikizidwe, kenako anafewa poona kuti ana akuwathera. M'ma 1980 ana oposa 90 pa 100 alionse ankalowa.

Khoma la Berlin, lomwe boma la East Germany linamanga kuti anthu ake asamawolokere mbali ya kumadzulo, linatseguka pa 9 November 1989. Amene anali m'kalasi 8 chaka chimenecho anayamba maphunziro awo boma lilipo, koma pofika tsiku la mwambo dziko lomwe akanalilumbiriralo linali likutha. Chisankho chaufulu chinachitika pa 18 March 1990, lumbiro linachotsedwa, ndipo pa 3 October East Germany ndi West Germany anakhala dziko limodzi.

Mwambowu sunafe nalo bomalo, chifukwa mabanja anali atautenga kale ngati wawo. Lero umayendetsedwa ndi mabungwe monga Jugendweihe Deutschland, makolo ndiwo amalembetsa mwana ndi kulipira. Ena, makamaka amene anazunzika chifukwa chokana, amauonabe ngati chotsalira cha ulamuliro wankhanza. Ku Erfurt, mzinda wa kum'mawa kwa Germany, a Katolika anasankha kupikisana nawo: mu 1998 anayambitsa mwambo wawo m'tchalitchi chachikulu cha mumzindawo, wa ana osabatizidwa.