Gemu ikakana kulowa pa seva, werengani kaye zimene yalemba

Sabata siitha osabwera munthu kudzandiuza kuti intaneti yake ndi yochedwa chifukwa gemu ikukana kulowa pa seva. Ndikamufunsa kuti pa sikirini panatuluka mawu oti chiyani, amakanda mutu: "Sindinawerenge, ndinangodina OK." Ena amafika atagula kale rauta yatsopano, ena atalipira intaneti yothamanga kwambiri, ena atafufuta gemu yonse n'kuchezera usiku kuitsitsanso. Zonsezi asanawerenge mzere umodzi umene gemuyo inawalembera. Zimenezi zandikwana.

Nkhani ya liwiro tiichotseretu. Mukakhala mkati mosewera, magemu ambiri safika n'komwe pa 1 Mbps. Vidiyo imodzi ya pa YouTube imadya zoposa pamenepo. Ngati vidiyo ikuonetsa bwinobwino koma gemu ikukana, kuwonjezera liwiro n'kutungira madzi m'dengu. Vidiyo imasungiratu masekondi angapo a kutsogolo, ndiye netiweki ikadodoma pang'ono inu simuona kanthu. Gemu singasungiretu zimene mnzanu sanachite. Imafuna timauthenga ting'onoting'ono tizipita ndi kubwera pa nthawi yake, komanso imafuna kuti khomo limene ikugogoda pa sevayo likhale lotsegula. Khomo limeneli ndi limene timati port, ndipo lili ndi nambala yake. China chikalakwika, gemu imakuuzani, ndipo mawu amene yasankha amaloza pamene pali vuto.

Pali mauthenga awiri amene anthu amawayesa amodzi. "Connection refused" ndiye kuti mwagogoda ndipo m'katimo ayankha kuti amene mukumufunayo kulibe. Mwafika ndithu pa makinawo, msewu wonse kuchokera kwa inu uli bwino, kungoti pa port imeneyo palibe pulogalamu imene ikudikira alendo. Mwina seva yazima, mwina ikuyaka kumene, mwina nambala ya port mwaiphonya. Rauta yanu isiyeni, ilibe mlandu. "Connection timed out" ndi kugogoda n'kungomva zii. Apa zotheka n'zambiri: adiresi yolakwika, makina ozimitsidwa, firewall (mlonda wosefa mauthenga olowa ndi otuluka m'makina) imene ikutaya mauthenga anu mwakachetechete, kapena rauta ya mwini seva imene sikudziwa kuti mlendo imupereke kwa ndani.

Mauthenga enawo ndi osavuta. "Unknown host" akutanthauza kuti dzina la seva silinasanduke adiresi. Onaninso kalembedwe, chilembo ndi chilembo, ndipo ngati mwalemba bwino, apa pokha ndi pamene kusintha DNS (imene imapeza adiresi ya dzina limene mwalemba) kukhala 8.8.8.8 ya Google kapena 1.1.1.1 ya Cloudflare kungathandize. Anthu amafalitsa zoti DNS imachepetsa ping, nthawi imene uthenga umatenga kupita ku seva ndi kubwerako. Sichepetsa. Ntchito yake imatha ikangokupezerani adiresi, ndipo mukayamba kusewera imakhala itapuma kale. "Outdated client" kapena "Outdated server" pa Minecraft ndiye kuti gemu yanu ndi ya pa seva si za mtundu umodzi, wina akweze kapena wina atsike. "Invalid session" ndi nkhani ya akaunti: tsekani gemu ndi launcher yake, pulogalamu yoiyatsira ija, mulowenso. Muonenso tsiku ndi nthawi pa makina anu. Wotchi ikasokonekera, makina amakana ziphaso za chitetezo za maseva olowera akaunti, ndipo ndaonapo anthu akusula rauta chifukwa cha kabatire kakang'ono kosunga nthawi m'kompyuta kamene kanatha mphamvu.

Musanakhudze chilichonse m'nyumbamo, dziwani ngati vutolo ndi lanu nokha. Yesani seva ina ya gemu yomweyo. Funsani mnzanu ngati iye akulowa. Xbox ndi PlayStation ali ndi masamba awo osonyeza ngati maseva agwa, ndipo akagwa palibe chimene inu mungachite koma kudikira. Kenako yesani chimene ine ndimayamba nacho nthawi zonse: yatsani hotspot pa foni, mulumikize makinawo kumeneko. Gemu ikalowa, makina anu ali bwino, vuto lili pa rauta kapena kwa kampani yokupatsani intaneti. Ikakanabe chimodzimodzi, yang'anani makinawo, akaunti kapena seva. Mphindi zitatu zokha, theka la zokayikira lachoka.

Amene amalowa koma n'kumatulutsidwa pakati pa gemu, vuto lawo kawirikawiri ndi Wi-Fi. Tsegulani Command Prompt pa kompyuta ya Windows, mulembe ping -t ndi adiresi ya rauta yanu, imene nthawi zambiri imakhala 192.168.1.1 kapena 192.168.0.1. Pa chingwe muyenera kuona 1 ms kapena 2 ms mosasintha (1,000 ms ndi sekondi imodzi). Mukaona manambala akudumpha kufika m'mahandiredi, kapena mizere ina ikulephera kuyankhidwa, mauthenga anu akutayika asanatuluke n'komwe m'nyumba. Wi-Fi ya 2.4 GHz imalimbirana mpata ndi Bluetooth, ma microwave ndi marauta a oyandikana nawo. Samukirani pa 5 GHz ngati muli pafupi ndi rauta, koma chingwe cha Ethernet ndiye mankhwala enieni. Muonenso ngati wina m'nyumbamo akukweza zithunzi kapena mavidiyo pa intaneti. Njira yotulukira ikadzaza, timauthenga ta gemu timaima pa mzere kumbuyo kwa katundu wolemerayo.

Koma chimene chimazunza anthu kwambiri ndi NAT, ndipo apa ndichedwapo. Maadiresi a pa intaneti a mtundu wakale, IPv4, alipo pafupifupi 4.3 biliyoni basi, ndipo bungwe la IANA, limene limayang'anira maadiresiwa, linagawa otsiriza mu February 2011. Choncho nyumba yonse imatuluka pa intaneti ndi adiresi imodzi, rauta n'kumasunga kaundula wa amene watumiza chiyani. Imeneyi ndiyo NAT. Inu mukatumiza uthenga kunja, yankho lake rauta imalizindikira n'kulilowetsa. Koma uthenga wobwera wokha kuchokera kunja, umene palibe anaupempha, rauta imangoutaya. Pa tsamba la intaneti izi sizivuta chifukwa inu ndi amene mumayamba kulankhula. Pa magemu amene osewera amalumikizana okhaokha, kapena pamene seva ili m'chipinda mwanu, ena akunja ndi amene amayamba kugogoda. Xbox imautchula mkhalidwewu Open, Moderate kapena Strict. PlayStation imati Type 1, 2 kapena 3. Nintendo Switch imagwiritsa zilembo, A ndiye yabwino kwambiri. Anthu awiri amene onse ali pa Strict kawirikawiri sapezana, ngakhale aliyense payekha akusewera bwino ndi ena. Kuyatsa UPnP pa rauta, imene imalola gemu kudzitsegulira yokha port, kumathetsa ambiri mwa mavuto amenewa. Ngati muli ndi marauta awiri otsatizana, ya kampani ndi yanu, ndiye kuti pali zitseko ziwiri, ndipo imodzi iyenera kuikidwa pa bridge mode, kuti izingodutsitsa mauthenga osachita NAT.

Pali chitseko chachitatu chimene simungachione, ndipo nchimene chinagwetsa mnyamata wina amene mpaka lero ndimamukumbukira. Anabwera ndi bambo ake, kompyuta ili m'manja, kope la sukulu lili m'thumba. Anali atakhazikitsa seva ya Minecraft Java kuti azisewera ndi anzake anayi. Iye amalowa bwinobwino, anzakewo amangoona "Connection timed out". M'kope muja anali atalemba chilichonse chimene anayesa, tsiku ndi tsiku, kwa milungu itatu. Port 25565, TCP, kuloza ku adiresi ya kompyuta yake, imene anaikhazika kuti isamasinthe. Analembanso pambali kuti Bedrock, mtundu wina wa Minecraft, imagwiritsa 19132 pa UDP, kuti asasokoneze ziwirizi. Ndinawerenga kopelo ndikupukusa mutu, chifukwa zonse za port anachita molondola, kuposa akuluakulu ambiri amene ndimakumana nawo.

Ndinatsegula tsamba la rauta pamene pamaoneka adiresi imene kampani yawapatsa. Inayamba ndi 100.72. Sindinafunenso kuona china. Maadiresi oyambira 100.64 kufika 100.127 anapatulidwa mu 2012 kuti makampani a intaneti aziwagwiritsa pa CGNAT, kutanthauza kuti kampaniyo ili ndi NAT yakeyake imene makasitomala ambiri amagawana adiresi imodzi ya kunja. Mutsegule port pa rauta yanu mmene mungathere, mlendo amakabwezedwa uko ku kampani asanafike pakhomo panu. Intaneti ya pa foni ndi ya marauta a SIM kadi nthawi zambiri imakhala chonchi. Kuzindikira kwake n'kosavuta: yerekezani adiresi imene rauta ikuonetsa ndi imene masamba oonera IP akukuuzani. Zikasiyana, pali NAT ina patsogolo panu. Njira zotulukira zilipo: kupempha kampani adiresi yanuyanu ya public, kugwiritsa IPv6, maadiresi a mtundu watsopano, ngati nonse muli nayo, kapena kuika dziko lanu la Minecraft pa Realms, maseva a eni gemuyo, ngakhale pa seva ina yobwereka.

Ndikanakonda nkhaniyo ikanathera pamenepo. Mlungu wachitatu mnyamata uja atatopa, anatsatira malangizo a m'mavidiyo: anazimitsa firewall ya Windows, anaika kompyuta pa DMZ, pamene rauta imapereka kwa iyo mlendo aliyense wochokera kunja. Sizinathandize, ndipo akanakhala ndi adiresi ya public akanakhala atasiya kompyutayo pa mtetete. Kenako anadandaula pa gulu lina la osewera, munthu wosamudziwa n'kumulembera kumbali kuti amuthandiza ulere. Anamuuza aike pulogalamu yoyendetsera kompyuta uli kutali. Mnyamatayo anandifotokozera mmene anakhalira pansi n'kumaonerera kamuvi kakuyenda kokha pa sikirini, mawindo akuda akutseguka ndi kutseka, iye n'kumaganiza kuti waona katswiri. Munthu uja anati alowe mu Steam, pulogalamu yogulira ndi kusungira magemu, ndi mu imelo "kuti tiyese ma port", kenako anapempha nambala yotsimikizira ya Steam Guard imene inabwera. Kutacha, akaunti ya Steam inali itapita.

Ndikunena mosapsatira mawu: palibe vuto la kulumikiza gemu limene limafuna pasiwedi yanu kapena nambala yotsimikizira imene yabwera pa foni kapena pa imelo. Palibe. Wa Steam, wa Microsoft kapena wa Sony sangakulembereni kumbali kukupemphani zimenezo. Aliyense wokuuzani kuti muzimitse firewall yonse mpaka kalekale, kapena wokutumizirani kafayilo koti "kakonza zonse", ndi kamberembere kapena sadziwa chimene akunena. Firewall imaloledwa kutsegulira pulogalamu imodzi yokha, ndipo ndi zokhazo zimene gemu imafuna.

Ogulitsa mapulogalamu olonjeza kutsitsa ping kufika pafupifupi ziro nawonso amandinyansa. Kuwala kumayenda m'chingwe cha fiber makilomita pafupifupi 200,000 pa sekondi. Makilomita 1,000 alionse amakudyerani 10 ms kupita ndi kubwera, ndipo zingwe siziyenda mowongoka. Seva ikakhala pa mtunda wa makilomita 8,000, simudzaona ping yochepera 80 ms ngakhale mutagula chiyani. VPN, imene imadutsitsa mauthenga anu pa seva ina, nthawi zina imathandiza pamene kampani yanu ikuzungulitsa mauthenga njira yaitali, ndivomereze, koma singafupikitse dziko. Sankhani seva ya dera lapafupi ndi inu.

Chimene chimandiwawa kwambiri pa mnyamata uja ndi masiku asanu amene anakhala chete. Ankaopa kuuza bambo ake, ndiye anangokhala akuyesa yekha kulowanso mu akaunti, pa kompyuta yomweyo imene munthu uja anali adakali ndi njira yolowera. M'masiku amenewo wakubayo anasintha pasiwedi ya imelo, n'kuyamba kulembera anzake anayi aja ngati kuti ndi iye. Mmodzi anakodwa nawo. Ngati munalola munthu wachilendo kulowa m'makina anu, chotsani makinawo pa intaneti nthawi yomweyo. Tengani foni kapena kompyuta ina, muyambe kusintha pasiwedi ya imelo chifukwa ndi imene imatsegula zina zonse, kenako ya magemu. Uzani anzanu asakhulupirire uthenga wochokera ku akaunti yanu. Lemberani Steam Support kapena a gemu yanuyo kudzera pa tsamba lawo lenileni, muli ndi umboni wa zimene munagulapo. Makinawo afufutidwe, Windows iikidwenso mwatsopano. Makolo, mwana akabwera kudzaulula zoterezi, yambani mwasintha mapasiwedi, zokalipa zibwere pambuyo, chifukwa mantha ndi amene amamuchedwetsa.

Bambo aja anafunsa motsitsa mawu kuti, "Ndiye mwanayu analakwitsa pati pa zoikaika zakezi?" Ndinawauza kuti pa zoikaika za port zija sanalakwitse paliponse, ndipo ndinawaonetsa nambala ija ya 100.72. Tinasunga foda ya dziko limene anamanga ndi anzake tisanafufute kompyuta. Kope lija anayiwala pa tebulo langa, ndipo atabwera kudzatenga ndinamufunsa ngati seva yayamba kuyenda. Anati sanaiyatsenso.