Wokutumani mu Skyrim wakusololerani lupanga: mafunso ndi mayankho

Mu The Elder Scrolls V: Skyrim, gemu ya Bethesda yomwe inatuluka pa 11 November 2011, ntchito zambiri zimayambira pa munthu. Mumalankhula naye, amakutumani, mukabwerako amakulipirani. Ndiye tsiku lina mukufika kuti mutule zomwe anakutumani, koma m'malo mwa moni mukuona kadontho kofiira pa kampasi, mwini wake chida chili m'manja. Zomwe zili m'munsimu zimagwiranso ntchito mu Special Edition ya 2016 ndi Anniversary Edition ya 2021, kupatula pomwe tanena.

Amene anandituma akundithamangitsa ndi nkhwangwa. Ndiyambire pati?

Bwezani chida chanu m'chimake musanachite china chilichonse. Pa kompyuta ndi batani la R, pa Xbox ndi X, pa PlayStation ndi la sikweya. Ngati m'manja muli matsenga, batani lomwelo limatsitsa manja. Gemu imatenga zimenezi ngati kugonja, ndipo munthu wamba yemwe mwangomukhudza kamodzi nthawi zambiri amaleka ndewu, kudandaula pang'ono, n'kubwerera ku zochita zake. Mumzinda, mlonda yemwe amabwera ndi lupanga amaima n'kuyamba kukamba za mlandu.

Ambiri amalakwitsa pobwezera kamodzi kokha poganiza kuti asiya. Sasiya. Mukungomudyera moyo, ndipo akafa mlandu wa golide 40 usanduka wa 1,000. Winanso wosokoneza ndi wokuperekezani. Wokuperekezani monga Lydia akaona mbuye wake akumenyedwa safunsa kuti wayamba ndani, ndipo iye akamatemabe, moto suzima ngakhale inu mwatsitsa manja. Thamangirani kutali kuti akutsatireni, ndewuyo iphwe.

Ndidziwa bwanji chomwe chamupsetsa mtima?

Apa ndiye pagona nkhani, chifukwa mankhwala ake amasiyana malinga ndi gwero. Mwina muli ndi mlandu m'chigawocho. Mwina mwalakwira gulu lomwe munalowa, monga Thieves Guild. Mwina anthu akuthawa chomwe mwasanduka, osati chomwe mwachita. Kapena nkhani ya gemuyo inalembedwa kuti munthuyo adzakutembenukireni basi.

Tsegulani General Stats, pitani pa Crime. Pamenepo pali chindapusa cha chigawo chilichonse pachokha. Ngati pali nambala, yambani ndi iyo. Ngati paliponse pali 0, werengani ntchito zomwe zili mu Journal muone ngati mwatulukira yachilendo yokuuzani kuti mukapepese kwa wina.

Mukumbukirenso zomwe zachitika posachedwa. Chinjoka chikatera mumudzi, matsenga anu a Fireball sasankha yemwe akupsereza, ndipo mfuu ya Unrelenting Force imakankha aliyense yemwe waima kutsogolo. Ku Riverwood, nkhuku imodzi yokha yayambanitsa osewera ambiri ndi mudzi wonse.

Chindapusa chimakhala chochuluka bwanji?

Kumenya munthu ndi golide 40. Kupha ndi 1,000. Kugwidwa mukupisa m'thumba ndi 25, kuthyola loko ndi 5, kukakamira m'nyumba ya eni atakuuzani kuti mutuluke ndi 5, kuthawa m'ndende ndi 100. Mukaba katundu, mlandu wake ndi theka la mtengo wa katunduyo. Kusanduka mmbulu anthu akuona ndi 1,000.

Skyrim ili ndi zigawo 9, ndipo chilichonse chili ndi buku lake la milandu. Zomwe mwapalamula ku Whiterun alonda a ku Riften sazidziwa, komanso simungazilipire kumeneko. Mlandu umalembedwa pokhapokha pali mboni. N'zoona kuti mukapha mboni yomaliza isanakanene mlanduwo umafufutika, koma pa nkhani yathuyi mboniyo ndi yemweyo mukufuna kuti akulipireni, ndiye njira imeneyo isiyeni.

Ndilipire kapena ndikagone m'ndende?

Ngati ndalama zilipo, lipirani. Alonda amakulandani katundu yense wakuba, yemwe m'chikwama dzina lake limaoneka lofiira kapena lolembedwa kuti ndi wobedwa, n'kukamuika m'bokosi la umboni kundende. Choncho ngati muli ndi chakuba chomwe mumachikonda, kachisiyeni kunyumba musanadzipereke.

Ndende siipitirira masiku 7, ndipo mumangogona pabedi nthawi n'kudutsa. Chomwe mumataya ndi kachigawo komwe munali mutadzaza kolowera ku levulo yotsatira ya maluso ena. Levulo yomwe munafika kale siitsika. Pa mlandu wa 40 kusiyana kwake n'kochepa, koma ngati Smithing (luso losula zida) yatsala pang'ono kukwera, zimawawa.

Amene munapatsidwa udindo wa Thane ndi mfumu ya chigawo muli ndi mwayi wouza mlonda kuti akusiyeni, kamodzi kokha m'chigawocho. Musawonongere mwayi umenewu pa mlandu wa loko. Chindapusa chikafika 1,000 alonda amayamba ndi lupanga akangokuonani, koma mukabweza chida amabwerabe kudzalankhula.

Ndalipira, koma iyeyo akundiukirabe.

Zimachitika. Chindapusa ndi nkhani ya inu ndi alonda, pomwe munthuyo angakhale adakali m'ndewu yomwe gemu sinaitseke. Chokani m'deralo, mupite kutali mpaka kadontho kofiira kazimiririke, kenaka dikirani kapena gonani masiku awiri kapena atatu a m'gemu musanabwerere. Kumbukirani kuti gemu siilola kudikira kapena kudumphira pamalo ena pa mapu adani ali pafupi, ndiye poyamba ndi liwiro basi. Pobwerera, wokuperekezani muuzeni adikire panja, inu mulowe manja ali pansi.

Zikakanika, matsenga a Illusion amathandiza. Calm imaziziritsa munthu wa levulo 9 kutsika m'munsi kwa masekondi 30. Pacify imafika levulo 20 ndipo Harmony 25, zonse kwa masekondi 60. Drevis Neloren ku College of Winterhold ndiye amagulitsa mabuku a Illusion. Amene munasankha mtundu wa Imperial muli kale ndi Voice of the Emperor, yomwe imaziziritsa anthu oyandikira kwa masekondi 60, kamodzi pa tsiku. Munthu wozizirayo amalankhulika, ndiye musachedwe ndi mafunso ena: tulani ntchitoyo, landirani malipiro. Mphamvuyo ikatha angathe kuyambiranso.

Calm ikakhala ngati yangodutsa osagwira, vuto ndi levulo ya munthuyo. Luso la Hypnotic Gaze ndi Kindred Mage limakweza malirewo, chimodzimodzi kuponya ndi manja awiri ngati muli ndi Illusion Dual Casting.

Nanga ngati ndalakwira gulu lomwe ndili membala?

Magulu ali ndi bwalo lawolawo, ndipo kulipira alonda sikuthetsa kanthu. Mukamenya mnzanu wa mu Thieves Guild amakuchotsani, anthu a mu Ragged Flagon, momwe gululi limakumana, amaleka kukupatsani ntchito, mpaka mutapereka golide 1,000 kwa Vex. Ku Dark Brotherhood kumatuluka ntchito ya Honor Thy Family, ndipo mumalipira 500 kwa Nazir. Ku College of Winterhold mumaimitsidwa, wokamuona ndi Tolfdir. Ulendo woyamba ndi 250 ndipo ndalamayo imakwera mukabwereza.

Sindinamenye aliyense, chindapusa palibe, koma mudzi wonse ukundigenda.

Yang'anani mu Active Effects. Matenda a Sanguinare Vampiris akakhala masiku atatu osachizidwa amakusandutsani namapopa. Mu gemu yoyambirira yopanda Dawnguard, namapopa yemwe wakhala osayamwa magazi mpaka siteji yachinayi amaukiridwa ndi aliyense, wokutumani yemwe. Kuyamwa munthu wogona kumakubwezerani pa siteji yoyamba. Dawnguard, yomwe inatuluka mu 2012 ndipo ili kale mu Special Edition, inachotsa lamulo limeneli, koma mukaonekera m'thupi la Vampire Lord kapena la mmbulu anthu amakuukiranibe. Wofuna kuchiriratu apite kwa Falion ku Morthal atanyamula black soul gem (mwala wosungira mzimu) yodzaza.

Tinagwirizana za nkhonya, bwanji zasanduka nkhondo?

Ndewu ya kubetcha, monga ya Uthgerd the Unbroken mu Bannered Mare ya golide 100, ili ndi lamulo limodzi: zibakera zokha. Chilichonse chomupweteka chomwe si chibakera gemu imachiwerenga ngati kumenya munthu. Lupanga ndi matsenga n'zodziwikiratu, koma zomwe zimapusitsa anthu ndi zogwira zokha, monga Flame Cloak yomwe munayatsa kale isanazime, kapena Ebony Mail yomwe imathira poizoni oyandikira. Vulani zoterezi musanavomere. Samalaninso ndi oonerera, chifukwa amaunjikana pafupi ndipo chibakera chophonya chikagwera mmodzi mwa iwo ndi mlandu wa 40.

Ndikangomupha, ntchitoyo itha bwanji?

Zimatengera munthuyo. Ena gemu inawaika kuti safa. Delphine, Esbern ndi Maven Black-Briar ali m'gulu limeneli: moyo ukatha amagwada, kupuma pang'ono, n'kudzukanso ndewu ili pomwepo. Kulimbana nawo n'kutaya mivi chabe. Ena, makamaka okuperekezani ambiri, adani sangawamalize koma inu mungathe, ndipo ambiri amafa ndi muvi wa mbuye wawo atagwada kale. Otsalawo amafa ngati wina aliyense, ntchito yawo imalembedwa kuti yalephereka kapena imangotsala mu Journal yopanda womutulira.

Pali ena oti ngakhale nditani sangabwerere?

Alipo, ndipo amene simunamalize nkhani za magulu mungadumphe yankho lino. Mercer Frey ndi Ancano analembedwa kuti adzakhale adani anu. Palibe chindapusa kapena Calm yosintha zimenezo. Mukapha Astrid mu Abandoned Shack, njira ya Dark Brotherhood yatsekeka mpaka kalekale ndipo m'malo mwake mwatsegula Destroy the Dark Brotherhood. Delphine ndi Esbern akakuuzani kuti muphe chinjoka Paarthurnax sakumenyani, amangoleka kukuthandizani; mukamupha, Arngeir ndi anzake, omwe amakuphunzitsani mfuu, ndiwo amakufulatirani.

Ya ku Markarth ndiyo imasokoneza kwambiri chifukwa imaoneka ngati gemu yawonongeka. Kumapeto kwa The Forsworn Conspiracy mumapeza Eltrys, yemwe anakutumani, atafa mu Shrine of Talos, ndipo alonda amakusenzetsani mlanduwo. Mukakana kumangidwa, mzinda wonse umakhala pa inu nthawi iliyonse mukafika. Potulukira pake ndi kuvomera kupita ku Cidhna Mine, komwe nkhaniyo imapitirira.

Nkhondo ya Imperial ndi Stormcloak imasunthanso anthu. Whiterun ikagwa m'manja mwa a Stormcloak, Jarl Balgruuf, mfumu ya chigawocho, sali kunyumba yake yachifumu ya Dragonsreach, ali ku Blue Palace ku Solitude. Malizani za iye musanapite kukamenya mzinda wake.

Pa kompyuta, console ingathandize?

Ingathandize, koma sevani kaye. Dinani batani lomwe lili pansi pa Esc kuti mutsegule console, pomwe mumalemba malamulo a gemu, kenaka dinani munthuyo ndi mausi mpaka nambala yake ioneke. Onetsetsani kuti mwadina iye, osati utsi kapena chitseko chomwe chili patsogolo pake. Lembani stopcombat kuti ndewu ithe. Akayambiranso, lembani setav aggression 0. Lamulo la setrelationshiprank player 1 limamusandutsa bwenzi. Muyezo wake umachokera pa -4 kufika pa 4. Chindapusa chokakamira ku Whiterun chimachoka ndi player.paycrimegold 0 0 000267EA, ndipo chigawo chilichonse chili ndi nambala yake.

Resurrect, lamulo linanso la console, imadzutsa thupi, koma ntchito yomwe yalembedwa kale kuti yalephereka siidzuka nayo. Pa Xbox ndi PlayStation console kulibe.

Ndibwerere ku sevu yakale?

Ngati munthuyo wafa ndipo ntchito yake mukuifuna, inde, ndipo msanga. Ma autosave alipo atatu okha ndipo amasinthana, choncho mukalowa zitseko zingapo mukuthawa, onse atatu amakhala ndi ndewu yomweyo. F5, batani losevera mwachangu pa kompyuta, nayonso ndi malo amodzi omwe amafufutidwa nthawi iliyonse mukaidina. Pangani sevu yatsopano pamanja musanalowe mumzinda chinjoka chikuuluka pamwamba, musanavomere nkhonya, ndiponso musanapise m'thumba la munthu yemwe adakali ndi malipiro anu.