Wolemba mapu amene amagwira ntchito inu muli mtulo

Pa ntchito yanga ya zaumoyo wa maganizo kuno ku Dedza, anthu amandifunsa kawirikawiri za malo a m'maloto. Munthu amalota ali kwawo ku Bembeke, koma akangotuluka pakhomo wafika kale pakati pa ogulitsa kachewere ndi kabichi pa Lizulu, ndipo kuseri kwa msikawo kuli sukulu imene anaphunzirako ali mwana. Kukacha mtima uli m'mwamba: kodi ananditenga usiku? Ayi, simunapite kulikonse. M'mutu mwanumo muli wolemba mapu, ndipo usiku ndiye nthawi imene amakhala pa kalikiliki.

Mkati mwa ubongo, mbali zonse ziwiri, muli kachigawo kotchedwa hippocampus. Mu 1971, John O'Keefe wa ku London anapeza kuti m'kachigawo kameneka ka khoswe muli maselo amene amatakataka pokhapokha khosweyo akafika pamalo enaake. Akasuntha, maselo aja amakhala chete, ena n'kuyamba. Malo alionse ali ndi maselo ake. Mu 2005, May-Britt Moser ndi Edvard Moser a ku Norway anapezanso maselo ena chapafupi pomwepo, amene amathandiza kuyeza mtunda umene nyama yayenda. Atatuwa analandira mphoto ya Nobel mu 2014. Anthufe tilinso ndi maselo oterewa. N'chifukwa chake mayi amatha kulawira kudimba mu June, nkhungu itaphimba phiri lonse la Dedza, koma osaphonya njira ngakhale pang'ono.

Nanga tikagona? Mu 1994, Matthew Wilson ndi Bruce McNaughton anaona kuti maselo amene ankagwirira ntchito limodzi khoswe akuyenda, amayambiranso limodzi khosweyo ali mtulo. Ubongo umabwereza ulendo wa masana kuti usaiwalike, n'kuulumikiza ndi zimene unasunga kale. Pa nthawi ya tulo imene timalota kwambiri, makamaka chakum'mawa, chigawo cha kutsogolo kwa ubongo chimene chimaunika ngati zinthu zili zomveka chimachepetsa mphamvu. Palibe wokuuzani kuti Lizulu ndi Bembeke n'kutali. Zakale ndi zadzulo zimangokumana pamodzi, ndipo inu mumavomera. Ngakhale nyumba ya agogo imene inagwa kalekale mumaipeza itaima bwinobwino, poti m'mapu a m'mutumo sinafufutidwe.

Koma chimene chimandipweteka mtima si maloto ayi. Ndi zimene zimachitika wolemba mapuyu akayamba kudwala.

Matenda a Alzheimer's, omwe ndi amodzi mwa matenda oiwalitsa anthu okalamba, amayamba kuwononga zigawo zomwezi. Chimodzi mwa zizindikiro zake zoyambirira ndi kusochera pamalo pamene munthu akupadziwa. Agogo amene akhala m'mudzi moyo wawo wonse amatuluka usiku kupita kuchimbudzi, pobwerera khomo lawo osalionanso. Amayenda, amayenda, mpaka kumawachera ali kuseri kwa nyumba ya eni ake, chitenje chitagwa panjira, akuyankhula zosamveka. Nthawi zina amakhala akufunafuna nyumba ya makolo awo, chifukwa zakalekale ndi zimene zimachedwa kufufutika, pamene zatsopano zimayamba kutha. Tonse tikudziwa zimene khamu la anthu limanena likawapeza choncho: akuti agwa pa ndege ya ufiti. Ena amenyedwa, ena aotcheredwa nyumba, chikhalirecho ndi odwala. Ndipo akafunsidwa mwaukali amatha kuvomera chilichonse, poti sakudziwanso kumene ali. Tizikumbukiranso kuti malamulo a dziko lino amaletsa kutchula munthu kuti ndi mfiti.

Mukaona agogo ayamba kusokoneza njira ya kumunda, kufunsa funso limodzimodzi kambirimbiri, kapena kunena kuti "ndiperekezeni kwathu" ali m'nyumba mwawo momwe, pitani nawo kuchipatala msanga. Kusokonezeka kwina, makamaka kobwera mwadzidzidzi, kumayamba ndi malungo, matenda a m'chikhodzodzo, shuga kapena mankhwala amene akumwa, ndipo kumeneko kumachizika. Ngati ali matenda oiwalitsa aja, mankhwala owachiziratu palibe, koma chisamaliro chimathandiza kwambiri. Musawasamutsesamutse nyumba, musasinthe pamene pamakhala mphasa ndi katundu wawo, usiku pazikhala kuwala panjira ya kuchimbudzi ndiponso wina wogona nawo pafupi. Auzeninso a mfumu ndi anansi za matendawa zinthu zisanavute, kuti wowapeza panjira awagwire dzanja n'kuwabweretsa kunyumba.