Medellín, Guatapé ndi mkangano wa maulendo okaona malo a Pablo Escobar

Pa 22 Febuluwale 2019 akuluakulu a mzinda wa Medellín, m'dziko la Colombia, anaphulitsa nyumba yosanjikizana yotchedwa Mónaco, ndipo inagwa m'masekondi ochepa khamu la anthu likuonerera. Nyumbayi inali ku El Poblado, dera la anthu olemera, ndipo m'zaka za m'ma 1980 munkakhala Pablo Escobar, mfumu ya malonda a mankhwala ozunguza bongo, ndi banja lake. Chimene chinaigwetsa si kukalamba ayi. Tsiku ndi tsiku pachipata pake pankaima timabasi todzaza alendo a ku America ndi ku Ulaya, akujambulitsa zithunzi kwinaku akumwetulira. Meya wa nthawi imeneyo, Federico Gutiérrez, zinamukwana. Pamalopo tsopano pali paki yotchedwa Inflexión, yokumbukira anthu 46,612 amene anaphedwa pa ziwawa za mankhwala ozunguza bongo pakati pa 1983 ndi 1994.

Timabasi tija sitinasiye kubwera. Tinangosintha poimira.

Escobar anabadwa pa 1 Disembala 1949 ku Rionegro, bambo ake anali mlimi ndipo mayi ake anali mphunzitsi, koma anakulira ku Envigado, kum'mwera kwa Medellín. Anayamba ndi kuba magalimoto komanso kuzembetsa katundu. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970 anali atalowa m'malonda a kokeni: masamba ndi phala la coca zinkachokera makamaka ku Peru ndi ku Bolivia, kuyenga kunkachitikira ku Colombia, msika unali ku United States. Ndalama zinachuluka moti mu 1987 magazini ya Forbes inamuika pa mndandanda wa anthu olemera kwambiri padziko lonse. Gawo lina la ndalamazo anamangira mabwalo a mpira m'madera osauka ndi nyumba mazanamazana za mabanja amene ankakhala pa dzala la zinyalala la Moravia. Dera limene anamanga nyumbazo mpaka lero limatchedwa ndi dzina lake, ndipo ukafunsa agogo akumeneko, ambiri amakuuza kuti boma silinawapatsepo ngakhale lata limodzi, anawakumbukira ndi Pablo. Sakunama. Kungoti nkhaniyo siithera pamenepo.

Mu 1982 analowa m'nyumba ya malamulo ngati wogwirizira mpando wa phungu. Nduna ya zachilungamo, Rodrigo Lara Bonilla, inaulula poyera kumene chuma chake chinkachokera, ndipo pa 30 Epulo 1984 anyamata a pa njinga yamoto anaiwombera mu Bogotá, likulu la dzikolo. Kuyambira pamenepo inali nkhondo. Chimene Escobar ankaopa kwambiri chinali kutumizidwa kukazengedwa mlandu ku United States, choncho aliyense wovomereza zimenezo anali mdani. Woweruza kapena wapolisi ankauzidwa kuti asankhe, ndalama kapena chipolopolo. Guillermo Cano, mkonzi wa nyuzipepala ya El Espectador, anaphedwa mu Disembala 1986. Luis Carlos Galán, amene ambiri ankayembekezera kuti apambana upulezidenti, anawomberedwa pamsonkhano wa ndale ku Soacha pa 18 Ogasiti 1989. Pa 27 Novembala chaka chomwecho bomba linaphulika m'ndege ya Avianca itangonyamuka ku Bogotá, anthu onse 107 amene anali m'katimo n'kufa. Patangopita masiku ochepa, bomba lina linagumula likulu la apolisi achinsinsi a DAS n'kupha anthu oposa 60. Mu Medellín ankalipira aliyense wopha wapolisi, ndipo apolisi mazana anafa motero. Mu 1991 mokha mumzindawu munaphedwa anthu oposa 6,000.

Anthu amene anali ana panthawiyo lero ali ndi zaka za m'ma 40 kapena 50. Ndiwo akuyendetsa matakisi, akugulitsa m'masitolo, akuphunzitsa m'masukulu. Mlendo akavala sikipa yokhala ndi nkhope ya Escobar n'kukwera sitima ya mumzinda, mwina wakhala moyang'anizana ndi mwana wa wapolisi amene anaphedwa kaamba ka mphoto ija. Apa ndi pamene pagona mkangano wonse.

Ulendo wa mumzinda nthawi zambiri umadutsa malo atatu kapena anayi. Oyamba ndi La Catedral, ndende imene anadzimangira yekha paphiri loyang'ana Envigado. Anadzipereka pa 19 Juni 1991, tsiku lomwe opanga malamulo atsopano a dziko anavomereza kuti nzika ya Colombia isamatumizidwenso kunja kukazengedwa. Alonda anasankha yekha, m'katimo munali bwalo la mpira ndi bala, ndipo malonda ankayenda ngati kale. Atapheramo anzake awiri a pa bizinesi, Fernando Galeano ndi Gerardo Moncada, boma linati limusamutse, iye n'kuthawa pa 22 Julayi 1992. Anthu anadzagumula makoma pofuna ndalama zobisika, ndipo patapita zaka malowo anaperekedwa kwa amonke a Benedicto. Kuchoka apo alendo amapita ku dera la Los Olivos mu Medellín, kukaona nyumba imene ankabisalamo ndi denga limene anaferapo pothawa pa 2 Disembala 1993, apolisi atamupeza chifukwa chotalikitsa foni yolankhula ndi mwana wake. Amamalizira kumanda a Montesacro ku Itagüí, kumene maluwa sasowa pamanda ake.

Maulendowa analipo kale, koma anakula kwambiri Netflix itatulutsa sewero la Narcos, lonena za moyo wa Escobar, mu 2015. Mu 2017 woimba wa ku America Wiz Khalifa anakaika maluwa pamandapo n'kuika zithunzi pa intaneti, meya n'kumudzudzula poyera mpaka anapepesa. Mchimwene wake wa Escobar, Roberto, anali ndi nyumba yoonetsera zinthu za malemuwo imene akuluakulu a mzinda anaitseka mu 2018, ndipo mu 2023 inagwetsedwa akuluakuluwo atanena kuti inamangidwa popanda chilolezo. Mu 2024 aphungu ena anabweretsa bilu yoletsa kugulitsa masikipa, makapu ndi zikumbutso zina za Escobar. Ogulitsa m'misewu anafunsa funso limodzi: mlendo akufuna yekha, ife tidye chiyani?

Kwa ine, kugwetsa nyumba sikunathetse kanthu, ngakhale kuti mkwiyo wa meya ndi womveka. Chimene chimasiyanitsa ulendo wabwino ndi woipa ndi pakamwa pa woperekeza alendo. Ena amatchula dzina la Cano ndi la Galán, amaima pa khoma la Inflexión, amatengera alendo ku Museo Casa de la Memoria, nyumba yokumbukira anthu amene anavutika ndi ziwawa. Ena amangosimba za mamiliyoni okwiriridwa pansi ndi za akazi okongola, poti n'zimene zimabweretsa tipu.

Tsiku lachiwiri alendo ambiri amatuluka mumzinda kulowera kum'mawa, ulendo wa maola awiri m'mapiri obiriwira a Antioquia, chigawo chomwe muli Medellín, kupita ku Guatapé. Kumeneko kuli thanthwe lalikulu lakuda, Piedra del Peñol, lotalika mamita pafupifupi 200, loima lokhalokha. Luis Eduardo Villegas ndi anzake awiri analikwera koyamba mu 1954, pogwiritsa ntchito mitengo imene ankaipanikiza mumng'alu wa thanthwelo. Mumng'alu womwewo lero muli masitepe oposa 700 okhotakhota mpaka pamwamba. Kumbali ina ya thanthweli kuli chilembo chachikulu cha G ndi mzere umodzi woongoka. Zimamveka kuti a ku Guatapé ankafuna kulemba dzina la tauni yawo, a ku El Peñol, amene amati thanthwelo ndi lawo, n'kuwaletsa U ali pakati. Tauni ya Guatapé payokha ndi yokongola, nyumba zake zili ndi zithunzi zopaka utoto m'munsi mwa makoma, za nkhosa, maluwa ndi ntchito za eni nyumba.

Ukafika pamwamba umaona madzi obiriwira atazungulira timapiri ndi tizilumba tosawerengeka, ndipo ambiri amaganiza kuti ndi nyanja yachilengedwe. Ndi damu. Kampani ya magetsi ndi madzi ya mzinda wa Medellín, EPM, inatseka mtsinje wa Nare m'zaka za m'ma 1970 kuti ipange magetsi, ndipo mu 1978 madzi anamiza tauni yakale ya El Peñol. Anthu zikwi zingapo anasamutsidwira ku tauni yatsopano, minda ya m'chigwa inapita, ndipo pamene panali tchalitchi pali mtanda wotulukira pamwamba pa madzi. Oyendetsa maboti amaima pamtandapo kamphindi, kenako n'kuthamangira ku chimene alendo alipirira: mabwinja a La Manuela, nyumba ya m'mbali mwa damu imene Escobar anaitcha dzina la mwana wake wamkazi. Gulu la adani ake lotchedwa Los Pepes linaiphulitsa mu 1993. Kwa zaka zingapo alendo ankasewera m'mabwinjamo masewero owomberana ndi mfuti za utoto, ena kukhala apolisi, ena kukhala anyamata a Pablo.

Chimene chimandipweteka pa ulendo umenewu n'chakuti dzina limodzi lameza mbiri ya dera lonse. Mavuto aakulu a kum'mawa kwa Antioquia anadza Escobar atafa kale, pamene zigawenga za FARC ndi ELN zinkalimbana ndi magulu a zida otsutsana nazo komanso asilikali a boma. Tauni ya Granada, yomwe siili kutali ndi Guatapé, inagumulidwa ndi bomba la m'galimoto la FARC mu Disembala 2000, ndipo ku San Carlos anthu ochuluka anathawa m'midzi yawo. N'chimodzimodzi ndi Comuna 13, dera la anthu osauka la m'mapiri mu Medellín, kumene alendo amakwera masitepe oyenda okha amene anaikidwa mu 2011 n'kumafunsa za Pablo, pamene bala la anthu akumeneko ndi Operación Orión, chiwembu cha asilikali ndi apolisi a boma cholanda deralo kwa zigawenga mu Okutobala 2002, ndi abale awo amene anasowa ndipo akufunidwabe pa dzala la La Escombrera.

Malo akutali kwambiri ndi Hacienda Nápoles, famu yaikulu imene inali ya Escobar, ku Puerto Triunfo, makilomita pafupifupi 150 kuchokera ku Medellín, kuchigwa chotentha cha mtsinje wa Magdalena. Kumeneku Escobar anali ndi bwalo la ndege, bwalo lomenyanirana ng'ombe ndi nyama zochokera kunja. Lero ndi malo achisangalalo a mabanja, okhala ndi maiwe osambira, ndipo kandege kamene kanali pamwamba pa chipata kanachotsedwa. Boma litalanda malowo, nyama zambiri zinatumizidwa kumalo osungira nyama, koma mvuu zinayi, yamphongo imodzi ndi zazikazi zitatu, zinasiyidwa poti kuzinyamula kunali kovuta. Aliyense amene anaonapo mvuu mu Shire akudziwa kuti si nyama yoisiya pafupi ndi mtsinje n'kuiwala. Ku Magdalena kulibe chilala choumitsa madambo ngati kwathu kuno, msipu ulipo chaka chonse, ndipo palibe chilombo chozidya. Zinaswana n'kufalikira mumtsinje. Asilikali ndi alenje atapha imodzi yotchedwa Pepe mu 2009, chithunzi chake chinakwiyitsa anthu ambiri moti kupha kunaima. Mu 2022 boma linalengeza kuti mvuuzi ndi nyama zachilendo zowononga chilengedwe, ndipo mu 2023 zinali pafupifupi 170. Unduna wa zachilengedwe unachenjeza kuti zikhoza kufika 1,000 pofika 2035, n'kuyamba kuzifula, ntchito imene mu 2023 inkadya mapeso (ndalama za ku Colombia) pafupifupi 40 miliyoni pa mvuu imodzi. Asodzi amadandaula kuti akuopa kulowa m'madzi usiku, pamene ku Doradal, tauni yoyandikana ndi famuyo, masitolo adzaza ndi tizidole ta mvuu togulitsa kwa alendo.