Sikani siitchula tsiku lenileni lomwe mimba inalowa

Nkhani ija yabweranso m'magulu a WhatsApp, yoti ukatenga masabata olembedwa pa sikani nkuwerenga chobwerera m'mbuyo upeza tsiku lenileni lomwe mimba inalowa, ndiye ngati bambo anali paulendo tsiku limenelo basi mwana si wawo. Abale, bodza ili lingathe kupasula banja.

Achipatala amayamba kuwerenga pa tsiku loyamba la msambo womaliza, masiku 280 kapena kuti masabata 40 kufika tsiku lochira. Koma dzira limatuluka patapita pafupifupi masabata awiri, ndiye sikani ikati masabata 10, chilowereni mimbayo papita ngati 8 chabe. Komanso umuna umatha kukhala wamoyo m'thupi mwa mayi mpaka masiku 5, msambo nawo sufanana kwa aliyense. Sikani ya miyezi itatu yoyambirira imatha kuphonya ndi sabata, ya kumapeto mpaka masabata atatu. Ngakhale tsiku lochira nlongoyerekeza, ana ambiri amabadwa pakati pa masabata 37 ndi 42.

Mukakayika, tengani khadi lanu la kusikelo mukafunse namwino kapena mzamba kuti anawerengera kuchokera pati. Za bambo wa mwana ndiye ndi DNA ingayankhe. Mesejiyo ikakupezani musaitumizenso chonde.