Asilikali a 54th Massachusetts sanali akapolo othawa

Chaka chilichonse ndikafika pophunzitsa za nkhondo yapachiweniweni ya ku America, sipalephera kudzuka wina wonena motsimikiza kuti gulu la asilikali akuda la 54th Massachusetts linali la akapolo othawa m'minda ya thonje. Ndikafunsa kumene wazitenga, akuti anaonera filimu. Ndatopa nako kukonza bodza limeneli.

Ambiri mwa amuna amenewa anali mfulu zokhala kumpoto kwa America, mbali imene inkamenyana ndi zigawo za kummwera zosunga akapolo. Bwanamkubwa wa chigawo cha Massachusetts, John Andrew, atalandira chilolezo chokhazikitsa gululi mu Januwale 1863, anthu akuda ku Massachusetts anali ochepa, choncho olemba usilikali anafika ku New York, Pennsylvania, Ohio mpaka ku Canada. Analembetsa alimi, ometa tsitsi, amalinyero, ndi Lewis ndi Charles, ana awiri a Frederick Douglass, munthu wakuda wotchuka polimbana ndi ukapolo. Othawa ukapolo analimo, koma owerengeka. Musamanenenso kuti linali gulu loyamba la akuda: la ku Kansas linali litamenya kale nkhondo ku Island Mound mu Okutobala 1862.

Mwina mukuti kaya mfulu kaya kapolo, zikusiyana pati? Zikusiyana kwambiri. Mu Meyi 1863 nyumba ya malamulo ya akummwera inagamula kuti msilikali wakuda akagwidwa asatengedwe ngati mkaidi wa pankhondo, ndipo mzungu womutsogolera angathe kuphedwa. Munthu wa banja lake ndi ntchito yake anapita kumeneko mwa kufuna kwake, akudziwa kuti akagwidwa angathere m'ukapolo umene sanabadwiremo.

Za Fort Wagner, linga la akummwera, sinditayapo nthawi. Madzulo a pa 18 Julaye 1863 amuna pafupifupi 600 anathamangira linga lija pafupi ndi Charleston, oposa 270 anaphedwa, kuvulala kapena kusowa, mtsogoleri wawo Robert Gould Shaw anafa ali ndi zaka 25 n'kuponyedwa m'dzenje limodzi ndi asilikali ake. Lingalo silinagwe tsikulo.

Imene imandisowetsa mtendere ndi nkhani ya malipiro, yomwe ambiri amangoidumpha. Powalemba anawalonjeza madola 13 pamwezi monga azungu. Itafika nthawi, boma la America linati madola 10, n'kuchotsaponso 3 a yunifolomu. Madola 7! Iwo anakana kulandira. Boma la Massachusetts linati liwonjezera lokha zotsalazo, iwo anakanabe, chifukwa chimene ankafuna n'chakuti boma limene akulifera liwayese ofanana ndi anzawo. Anakhala choncho miyezi pafupifupi 18, akazi ndi ana kumudzi akugona ndi njala. Ndipo ali osalipidwa chomwecho, mu Febuluwale 1864 ku Olustee, ku Florida, ndiwo anatchinjiriza anzawo pothawa, kenako n'kukoka ndi zingwe sitima yapamtunda yodzaza ovulala injini itafa. Kukana malipiro sanali masewera: Sajeni William Walker, wa gulu lina la akuda la ku South Carolina, anaomberedwa mwezi womwewo chifukwa chotsogolera anzake kutula mfuti pansi pa nkhani yomweyi.

Tsono chenjerani ndi akadaulo a pa Facebook ndi WhatsApp. Amatenga chithunzi chilichonse cha msilikali wakuda, kuchipaka utoto, kulembapo dzina la gululi, n'kumatapo mawu amene munthuyo sananene. Mwana akazilemba pamayeso, wolakwa amaoneka mphunzitsi. Kaundula wa gululi alipo, wokhala ndi maina, zaka, ntchito ndi kwawo kwa asilikaliwo. Wokuuzani nkhaniyi mufunseni ngati anamuonapo musanatumize kwa ena, chifukwa bodza likakhazikika m'mutu mwa mwana, kulizula kumatenga temu yonse.

Lamulo lofananitsa malipiro linadutsa mu Juni 1864, koma linali ndi msampha: ndalama zonse zam'mbuyo zinali za okhawo amene anali mfulu pa 19 Epulo 1861. Mtsogoleri watsopano Edward Hallowell, posafuna kuti ochepa aja obadwira mu ukapolo atsale, anakonza lumbiro lakuti msilikali analibe mangawa a ntchito yosalipidwa kwa munthu aliyense pa tsikulo. Ngakhale wothawa ukapolo akanalumbira zimenezo osanama. Ndalama zinafika mu Seputembala 1864.